Mzinda umene mvula sinaugwerepo

Pa tsamba lina la kope langa pali chidindo cha chala chachikulu cha amalume. Ndi dothi la katondo, linauma kalekale, ndipo lili pakati penipeni pa denga la nyumba yachifumu imene ndinatha milungu itatu ndikuijambula. Sindinalifufute, ndipo ndikatsegula kopelo maso anga amayamba kugwera pamenepo.

Ndakhala ndikujambula mzinda umodzi womwewo kuyambira ndili Fomu 2. Mzindawo kulibe pa dziko lino. Ndinaupeka ndekha, pamodzi ndi mafumu ake, nkhondo zake ndi mayina a zipata zake. Anzanga akapita ku mpira ine ndinkatsala m'kalasi ndi pensulo ndi rula, kuwonjezera nsanja ina pa linga la kumpoto. Pofika 2023 makope a hadikava anali atakwana 9. Munthu wamkulu aliyense amene ndinamuonetsa ankanena mawu amodzimodzi, "Eee, uli ndi luso iwe," kenako n'kutseka kope n'kundibwezera.

Mzindawo unali wa miyala yoyera mbee. Nsanja zake zinali zazitali, zosongoka kumutu ngati singano, ndipo milatho inkalumikiza nsanja ndi nsanja m'mwambamwamba. Mawindo anali aatali, opyapyala. Madenga ena anali otsetsereka kwambiri, ena afulati kuti mfumu iziyendapo madzulo. Machumuni analipo ambirimbiri. Sindinadzifunsepo kuti zonsezi ndinaziona kuti. Zinali m'mabuku a m'laibulale ya kusukulu, pa makalendala, pa zitini za mabisiketi, kenako m'masewera a pa kompyuta. Munthu akanena kuti mzinda wa m'nthano, m'mutu mwanga munkabwera zimenezo basi.

## Madzulo a pa khonde

Za namondwe wa Freddy sindikufotokozerani, aliyense akukumbuka kumene anali m'masiku aja a Malichi 2023. Kwathu, kumunsi kwa Zomba cha ku Nyanja ya Chilwa, sitinataye munthu. Tinataya nyumba ya amayi. Makoma awiri anakhala pansi usiku, amayi atathawira kale kwa achemwali awo, ndipo denga la malata linatsala litagwada.

Ndinapita mu Meyi, nditapempha tchuthi kuntchito. Omanga anali amalume, alongo awo a amayi, amene agwira ntchito ya njerwa moyo wawo wonse. Ine yanga inali kuponda dothi, kutunga madzi ndi kuwapatsira njerwa. Kope ndinalitenga chifukwa sindiyenda ulendo osalitenga.

Tsiku lachitatu madzulo tinakhala pa khonde la amayi aang'ono, dzuwa lisanalowe. Ine ndinali chiweramire pa kope.

"Mphwanga, ukulemba chiyani m'bukumo tsiku ndi tsiku? Masamu a njerwa?"

Ndinawapatsira. Anapukuta manja pa buluku, natulutsa magalasi m'thumba la malaya, aja amene mwendo wake umodzi anaumanga ndi ulusi. Anatsegula pakati. Ndinkayembekeza kuti avundukula masamba angapo n'kundibwezera ngati enawo. Sanavundukule. Anakhala pa tsamba limodzilo nthawi yaitali, moti amayi anatiitana kawiri kuti nsima ikuzizira.

"Miyala yonseyi inachokera kuti?"

"Kuphiri, amalume."

"Phiri lake lili kuti? Sindikuliona."

Panalibe phiri. Mzinda wanga unali pachigwa, m'mbali mwa mtsinje, ndipo pa mapu onse amene ndinajambula phiri lapafupi linali ulendo wa masiku 12.

Anayamba kuwerenga mawindo a nsanja yaikulu ndi chala, kuchokera pansi kukwera, milomo ikugwedera. Anafika pa 31.

"Mayi wokhala pamwamba apa, madzi amakwera nawo pamutu mpaka kuno?"

Ndinakhala chete.

"Akafuna kusinja amatsika? Nanga ana ake akadzuka usiku kufuna kutaya madzi?"

Kenako analoza chumuni. "Kumazizira kumeneku?"

"Ayi, kumatentha. Ngati ku Chikwawa."

Anagwedeza mutu pang'onopang'ono, osati motsutsa, koma ngati munthu amene akusunga yankho kuti aligwiritse ntchito kutsogolo. Ndiyeno anaika chala chachikulu pa denga lafulati la nyumba yachifumu, lija ndinkalinyadira kuposa zonse, lokhala ndi kampanda kokongola kuzungulira m'mbali monse.

"Mvula ikagwa apa, ipita kuti?"

Anafunafuna ndi maso paipi, kabowo, kapena potsetsereka. Panalibe. Kampanda kanga kokongola kaja kanali katasandutsa dengalo beseni.

Anavula magalasi. "Mzinda wakowu ndi wokongola, mphwanga. Koma mvula sinaugwerepo."

Kumbuyo kwawo, mamita ochepa chabe, kunali mulu wa zidina zosungunuka umene miyezi iwiri yapitayo unali chipinda cha amayi.

Usiku umenewo tulo sitinabwere. Manyazi analipo, koma chimene chinandigwira kwambiri ndi china. Amalume sankandiseka. Anandifunsa ndendende monga amafunsira munthu amene wawabweretsera pulani kuti ammangire. Kwa zaka zonse zija palibe amene anakhulupirirapo kuti m'nsanja zanga mumakhala anthu, ndipo ine mwini wake ndinali m'gulu la osakhulupirirawo. Iwo atangoyang'ana anaona mayi wa pamwamba uja, ndowa ili pamutu, ndipo anamudera nkhawa.

## Khoma limafa ndi mapazi

M'mawa mwake, tisanayambe ntchito, ananditengera pa khoma logwa lija. Anatola chidina cha pamwamba n'kundipatsa. Chinali chouma, ngodya zake zakuthwa ngati chaumbidwa dzulo. Kenako anapalasa ndi phazi pamene panali mzere woyamba wa pansi. Panalibe chidina choti munthu n'kutola, linali phala lokhalokha louma.

"Waona? Khoma la dothi limafa ndi mapazi. Mutu umangotsatira."

Anandionetsa zolakwika chimodzi ndi chimodzi. Amene anamanga nyumbayo poyamba anafupikitsa denga pofuna kupulumutsa malata, ndiye madzi ochokera padenga ankagwera m'tsinde mwenimweni mwa khoma. Khonde panalibe. Maziko anali ofanana msinkhu ndi bwalo, ndipo bwalolo linapendekera kunyumba. Anandilondoletsa kakhwawa kakang'ono kochokera kumunda kwa oyandikana nawo, kamene mvula yamasiku onse sikaoneka n'komwe. "Madzi saiwala khwawa," anatero, ndipo aka kanali koyamba kumva mwambi umenewu ukunena za madzi enieni.

Khitchini yakale ya agogo, yaudzu, inali chiimire. Udzu wake unatsika mpaka munthu kuwerama polowa, ndipo khonde lake lokwera ankalizira chaka ndi chaka. Sindikunena kuti nyumba zaudzu sizinagwe. Zinagwa zambiri, ndipo kumene matope ndi miyala zinatsika m'phiri, monga ku Chilobwe, palibe khonde limene likanapulumutsa munthu. Koma pabwalo pathu, pa mvula imodzi yomweyo, nyumba imene inauza madzi kopita inatsala ndipo inayo inagwa.

Nyumba yatsopano ya amayi tinaikweza maziko ndi njerwa zootcha ndi simenti, tinayala pepala lakuda la pulasitiki pakati pa maziko ndi khoma, tinazunguliza khonde, ndipo kakhwawa kaja tinakakumbira ngalande yolambalala kuseri.

## Chitenje pa nsanja

Nditabwerera ku Blantyre ndinaganiza kuti vuto ndalimvetsa: mzinda wanga ndi wachizungu, ndiusandutse wakwathu. Makoma oyera ndinawapaka mtundu wa katondo. Nsanja ndinaziveka udzu kumutu. M'mbali mwa zipata ndinalembamo timizere ta makona atatu tija timaona pa mbiya ndi pa malichero. Ndinatha mwezi wathunthu.

Nditamaliza ndinazipachika pakhoma n'kumaziyang'ana. Inali nsanja yomwe ija itavala chitenje. Mayi uja anali akadali pa nsanjika ya 31 ndi ndowa yake. Mvula inalibe kopita. Zotere ndimaziona kawirikawiri kwa anzanga ojambula, ndipo ndimawamvetsa chifukwa njala yake ndi yomweyo, yofuna kudziona m'nthano. Koma zokongoletsa ndi khungu chabe. Ngati mafupa a nyumba anabadwira ku dziko la chipale chofewa, timizere ta pa lichero sitingawasinthe.

Loweruka lina ndinapita kukakhala panja pa tchalitchi cha St Michael and All Angels. Ndadutsapo kambirimbiri, koma tsiku limenelo ndinabwereka maso a amalume. Tchalitchichi chinamangidwa kuyambira 1888 mpaka 1891. Mbusa David Clement Scott amene anatsogolera ntchitoyo sanaphunzire zomangamanga, ndipo panalibe pulani yojambuliratu papepala. Njerwa anaumba ndi kuotcha pomwepo ndi anthu a m'deralo, ochuluka mwa iwo asanamangepo chinthu chotere. Mukayang'anitsitsa nsanja zake ziwiri za kutsogolo muona kuti sizofanana. Ndinazungulira nyumba yonse ndikulondola njira ya madzi ndi njira ya kulemera, kuona pamene khoma linanenepa chifukwa likusenza, pamene linafuna chochirikiza, pamene njerwa inaumbidwa mwapadera chifukwa yamasiku onse sikanakwana. Chilichonse chinkaoneka ngati yankho la funso limene dothi linafunsa anthu ali pa ntchito.

Ine ndinali nditayambira ku maonekedwe. Ndinayenera kuyambira pansi, pa nthaka ndi madzi, ndipo nthaka ndi madzi zimene ndimazidziwa bwino ndi za ku Chilwa.

Chilwa ndi nyanja yopanda mtsinje wotulutsa madzi. Domasi, Likangala, Thondwe, Phalombe ndi mitsinje ina imathiramo, koma madziwo amangochoka ndi dzuwa, n'chifukwa chake amamveka kamchere. Ndi yosaya, ndipo mvula ikavuta zaka zotsatizana imaphwa. Inaphwa mu 1968, inaphwanso mu 1995, ndipo mu 2018 mabwato anagona pa matope ouma pa doko la Kachulu. Amalume anali ndi zaka 12 mu 1968, ndipo anayenda wapansi ndi bambo awo mpaka pa chilumba cha Chisi. Bambo awowo anali msodzi, ankatha miyezi ali pa chimbowera, kanyumba koyandama m'kati mwa njeza, udzu wautali womera m'madzi, akuwamba matemba ndi milamba pomwepo.

Nkhani zimenezi ndinazimva ndili mwana. Nyanja imene imachoka n'kubwerera, anthu ogona pamwamba pa madzi, chilumba chimene zaka zina umapitako pa bwato, zaka zina wapansi. Zonsezi zinali mtunda wa njinga kuchokera pakhomo pathu, koma sizinalowepo m'makope anga 9 aja, chifukwa ndinkaziona ngati umphawi osati zodabwitsa.

## Mzati

Kope la nambala 10 ndinaliyamba ndi mzere umodzi woimirira.

Nyanja ya m'dziko langa latsopano ndinaitcha Chibwerera. Imadzaza, imatsika, ndipo kamodzi pa m'badwo imachokeratu. Anthu ake safuna kusamukira kumtunda chifukwa kumtundako kuli eni ake. Ndiye funso linali limodzi: nyumba yotani ingakhale pamalo amodzi madzi akafika pakhosi pa mtengo wautali, n'kukhalabe pomwepo pansi pakang'ambika ming'alu?

Yankho langa ndi mzati. Banja lililonse lili ndi mtengo umodzi wautali wozikidwa mozama pansi pa nyanja. Amalume anati ukhale wa tsanya, "umene chiswe chimathyokerapo mano." Mzatiwo sugwedezeka. Nyumba ndiyo imayenda. Pansi pake ndi mitolo ya njeza yomangidwa mopingasana, yokhuthala kufika m'chiuno mwa munthu, ndipo pakati pake pali bowo limene anthu a kumeneko amalitcha mchombo. Mzati umadutsa pa mchombopo, n'kudutsa m'kati mwa nyumba, n'kutulukira pa tsindwi. Madzi akakwera nyumba imakwera motsatira mzati. Akatsika imatsika. Akachokeratu imakhala pansi phee, anthu n'kuyamba kulima mozungulira.

Nditangoika lamulo limodzi limeneli, zina zinayamba kubwera zokha, zina zimene sindikanaziganiza ngakhale nditakhala zaka zina 15 ndi rula.

Nyumbayo iyenera kukhala yozungulira, chifukwa mphepo iziizunguza pa mzati. Kumbuyo kwa chitseko amamanga mchira wa bango, ngati chipsepse cha nsomba, kuti nyumba izitembenuka yokha ndipo khomo lizikhala nthawi zonse kumene mphepo ikupita, mafunde asalowe. Ndiye kuti munthu wa ku Chibwerera sadziwa kuti mawa khomo lake liyang'ana kuti. Lero wadzuka maso ndi maso ndi mlamu wake, mawa ndi mdani wake. M'chinenero chawo mulibe mawu oti kuseri kwa nyumba.

Mzati ndi wa mkazi. Mwamuna akakwatira amabwera ndi bwato lake ndi mitolo ya njeza, ndipo banja likatha amamasula bwato n'kumapita. Koma mzati sungazikidwe madzi alipo. Mtsikana amene wakwatiwa nyanja ili yodzaza amamangirira nyumba yake ku nyumba ya mayi ake ndi chingwe, mng'ono wake n'kumangirira ku yake, mpaka kumbuyo kwa nyumba yaikulu kumatsatana tinyumba ngati ana a bakha. Mphepo ikasintha, mndandanda wonsewo umazungulira, ndipo wakumapeto amakagunda mbumba ya eni. Milandu yambiri ya pabwalo la mfumu ku Chibwerera ndi ya kutalika kwa chingwe. Pali akazi amene amakalamba akadali pa chingwe cha amayi awo, akudikira chilala chimene aliyense akupemphera kuti chisabwere.

Chimene ndimachikonda kuposa zonse ndi mphini. Chaka chilichonse madzi akafika pachimake, mwini nyumba amatema mphini imodzi pa mzati, pomwe pali pansi pa nyumba. Mphini za zaka za chigumula zili m'mwamba. Za zaka za chilala zili m'munsi, ndipo nyanja ikakhala yodzaza zimabisala pansi pa madzi, palibe amaziona. Koma madzi akayamba kutsika, nyumba n'kumatsika nawo, mphini zakalezo zimatulukira pa mchombo imodziimodzi n'kulowa m'nyumba. Agogo akaona mphini ya chaka cha njala yafika pafupi ndi moto, amasonkhanitsa adzukulu n'kuyamba kuwauza zimene anthu anadya chaka chimenecho, kumene anakumba madzi, ndi amene sanafike. Nkhani ya njala imafika m'nyumba miyezi ingapo njalayo isanafike.

## Kudontha

Ndinajambula zonsezi bwinobwino n'kutumiza pa WhatsApp kwa msuweni wanga kuti akawaonetse amalume. Patapita masiku awiri kunabwera uthenga wa mawu. Kumbuyo kunkamveka nkhuku ndi wailesi.

"Mphwanga, ndaona. Tsopano muli anthu. Koma mtengo wakowo ukubowola denga. Pamenepo pazidontha."

Ndinalimbana nazo milungu iwiri. Ndinayesa chipewa cha udzu chomangirira pa mzati, koma nyumba ikakwera ichigunda. Ndinayesa chikopa, ndinayesa phale lobowola pakati. Chilichonse chotseka mpatawo chinkaletsanso nyumba kuyenda. Ndinawaimbira foni n'kuwauza kuti zandikanika.

"Madzi a m'nyanja yakoyo amamweka?"

"Ayi, ndi amchere, ngati a ku Chilwa."

"Ndiye ukutsekeranji? Madzi sumawaletsa. Umawauza kopita."

Anandikumbutsa zimene amayi awo ankachita mvula ikamagwa, kumanga udzu kuzungulira thunthu la mtengo, nsonga yake n'kuilozetsa mumtsuko. Lero nyumba iliyonse ya ku Chibwerera ili ndi chingwe cha luzi chokulunga mzati cha pachifuwa pa munthu, mchira wake uli m'mbiya yaikulu pakati pa nyumba. Denga limapendekera pang'ono m'kati pafupi ndi mzati kuti lisonkhanitse madzi ochuluka. Kusuntha chingwecho nyumba ikakwera kapena kutsika ndi ntchito ya mwana wamng'ono pa onse, ndipo ndiyo ntchito yoyamba imene munthu amapatsidwa pa moyo wake. Malo amene ndinkawaona ngati chilema cha nyumba ndiwo anakhala chitsime chake.

## Moto, mphero ndi manda

Moto pa nyumba ya udzu yoyandama pa udzu ndi nkhani yoopsa. Ndinatengera kwa asodzi enieni: dothi lokhuthala pansi pa moto. Kwanga ndinayala mapale pansi, dothi pamwamba, ndipo mafuwa ndi oumba chifukwa m'nyanjamo mulibe miyala. Amalume anati dothi lotero ndi lolemera, nyumba ipendekeka. Ndiye mbali inayo, moyang'anana ndi moto, ndi kumene amasunga ufa ndi nsomba zouma. Chakudya chikamatha nyumba imayamba kupendekera ku moto, ndipo wodutsa pa bwato amadziwa za m'nyumbamo popanda kufunsa. Anthu ena amadzaza mitsuko ndi madzi n'kuiika mbali ya ufa kuti abise.

Mtondo unakanika. Simungasinje pa njeza, munsi ungabowole pansi. Akazi a ku Chibwerera amapera pa mphero atagwada, ndiye nyimbo zawo za ntchito ndi zapansipansi, zokoka, zopanda kugunda kuja kwa pamtondo. Akamva akazi a kumtunda akusinja amati akumenya nthaka.

Njeza imawola kuchokera pansi, choncho miyezi ingapo iliyonse amayala ina pamwamba, ndipo udzu wa padenga amasintha pafupipafupi. Apa ndinaphunzira ku mzikiti waukulu wa ku Djenné m'dziko la Mali, umene unamangidwa mu 1907. Ndi wa dothi, ndipo mitengo imene imatulukira m'makoma ake, imene mlendo angaiyese zokongoletsa, ndi popondapo anthu akamamata khoma chaka ndi chaka. Nyumba imeneyo imaonetsa poyera mmene idzakonzedwere. Kwanga phaso lachitatu lililonse limatulukira kunja kwa udzu ngati makwerero. Chokongoletsa china chilichonse ndinachotsa, ndipo nyumbazo zinakongola kuposa kale.

Funso la manda anafunsa ndi amayi, atamva ine ndi amalume tikukambirana pa foni. "Nanga akamwalira, mumawataya m'madzi anthu anuwo?"

Pakati pa Chibwerera ndinaikapo chilumba cha phiri. Ndi pokhapo pamene pali miyala, ndipo lamulo lawo ndi loti munthu wamoyo sagona pansi pa mwala. Mwala ndi wa akufa ndi wa mbewu. Pachilumbapo pali manda, ndipo pamwamba pa manda pali nkhokwe zamiyala zosanjikiza popanda dothi kapena simenti, monga makoma a Great Zimbabwe amene ena amafika mamita 11 ndipo aima zaka mazanamazana. Ku Great Zimbabwe komweko kulinso nsanja yozungulira imene ambiri amati inamangidwa mofanizira nkhokwe. Nsanja zanga zoyera zija sizinafe zonse. Zinafupika, zinanenepa m'munsi, zinataya mawindo ndi machumuni, ndipo tsopano zimasunga mapira. Miyala yake ikuchokera pa phiri limene likuoneka pa tsamba lomwelo.

## Nyanja ikachoka

Funso lomaliza limene amalume anditumizira ndi ili: "Tsanya ndi wolimba, koma si chitsulo. Ukawola, amausintha bwanji nyumba ili pamadzi?"

Sangausinthe. Ayenera kudikira nyanja ichoke. Nditalemba yankho limeneli ndinakhala kaye chete, chifukwa ndinaona chimene ndawachita anthu anga. Chaka chimene nsomba zafa, mabwato agona chammbali ndipo ana akutupa mapazi, ndicho chaka chokhacho chomanga. Mizati yonse yowola isinthidwe, akazi onse a pa chingwe azikiridwe yawo, ndipo zonsezi zitheke mvula isanabwerere. Nkhokwe zamiyala zija zimatsegulidwa nthawi imeneyo yokha, ndipo mapira ake amapita kwa okoka mitengo. Mzinda wonse umakhala pansi, mizati ili njo pamwamba pa madenga ngati nkhalango yopanda masamba, mphini zonse za mibadwo yonse zili poyera.

Tsamba limene ndili nalo panopa ndi la anthu akukoka mtengo wa tsanya kuchokera kumtunda, kudutsa pansi pa nyanja youma. Poyamba ndinajambula nthaka yolimba gwa, yong'ambikang'ambika, anthu akuyenda pamwamba pake mosavuta. Amalume ataona anati si mmene zimakhalira. Mu 1968, anatero, pamwamba pokha ndi pamene panauma. Ukaponda molakwika chikhokhocho chimaswekera pansi, mwendo n'kulowa mpaka m'bondo m'thope lotentha lonunkha nsomba zowola. Mtengo wolemera chotero ungamire pomwepo. Pafunika akazi ndi ana patsogolo, aziyala mphasa za bango, mtengo ukadutsa azitola zam'mbuyo n'kuthamanga nazo kutsogolo.

Kenako anandifunsa kuti pa chingwe chokokera mtengowo ndaikapo amuna angati.

"30, amalume."

"Anjala?"

"Eya, anjala."

"Ika 60."

Pepala linandithera pa munthu wa 44. Ndadula tsamba lina kumapeto kwa kope n'kulimata m'mbali ndi guluu, ndipo usiku uno ndikupitiriza chingwe.